Za chithunzi cha agogo chija, msuweni

Halo... ikujambula? Eya, ikujambula. Msuweni, waswera bwanji kumeneko? Funso lako ndaliona m'mawa, loti nthawi ya atsamunda a khonsolo ankasankhidwa ndi ndani, nanga munthu akakhala ndi dandaulo ankapita nalo kuti. Ati homuweki ya mwana. Mwana uti? Wako wa sitandade 3 uja? Iwe, usandipusitse, ine ndinakubereka kumsana ukutuluka mamina. Ukufunsa za agogo iwe. Chiyambire tsiku la chiliza lija, pamene mkulu uja, sinditchula dzina, azakhali akumvera, anaona chithunzi cha agogo atavala jekete pambali pa Bwana DC n'kutulutsa mawu aja akuti kapirikoni, ndiye kuti wogulitsa anzake kwa azungu, mtima wako sunakhale m'malo. Ndinakuona mmene unaikira mbale pansi.

Chabwino, ndiyambe ndi za homuweki yako yabodzayo. Khonsolo yaikulu, yopanga malamulo, inali ku Zomba, inakhazikitsidwa 1907. Wapampando anali Bwanamkubwa mwiniwake, ena anali akuluakulu a boma lake, otsalawo azungu owaloza yekha ndi chala. Munthu wakuda munalibe. Wotiyankhulira ife ankakhala mmishonale, ngati Hetherwick wa ku Blantyre Mission uja. Tangoganiza, mimba ikupweteka iwe koma wokafotokoza kwa dokotala ndi mnansi. Anthu akuda analowamo 1948... ayi, ndanama, 1949, awiri, a Muwamba ndi a Mposa, nawonso ochita kuikidwa. A Chipembere ndi a Kanyama Chiume anadzalowa 1956, iwo ndi anzawo atatu, onse asanu, osankhidwa kudzera m'makhonsolo a zigawo, ndipo m'pamene mu nyumba muja munayamba kutentha. Agogo ku Zomba sanakhaleko, usamanamize ana. Iwo anali m'khonsolo ya pa boma pathu pompa, wapampando wake DC, mamembala ake mafumu ndi anthu angapo amene DC wawaona kuti ndi aulemu.

Tsono za dandaulo... dikira nditseke chitseko, nkhuku zikulowa. Eee. Za dandaulo, sindingakuuze osakamba za amalume, bambo ako aakulu. Anakuuzapo za kalata ija? Sanakuuze, amachita nayo manyazi mpaka lero, chonsecho ndi nkhani yokoma kuposa ija ya ng'ona imene amatinamiza nayo pa Khirisimasi.

Chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland chinali chitangoyamba, ndiye kuti 1953 itadutsa. Nthawi ya malimidwe. Boma linalamula kuti matutu ayi, aliyense apange mizere yopingasa, ndipo akapitawo a zaulimi ankayendera minda. Ukapezeka ndi matutu, ku khoti la mfumu, faindi, ena mpaka kutsekeredwa. Ndiye kapitawo wina anakazula mbewu m'munda mwa agogo aang'ono, a kutsidya aja, chimanga chitafika m'mawondo. Mudzi wonse unakwiya. Anakapempha aphunzitsi kuti awalembere kalata m'Chingerezi yopita kwa DC, anthu n'kudinda zala m'munsi mwake. Kulemba analemba, koma wopita nayo ndani? Madoda onse mwendo wayamba kupweteka. Amalume, kamnyamata ka zaka 14, akuti ndipita ine. Osawauza bambo awo, agogo athu aja, amene anali membala wa khonsolo!

Ananyamuka tambala woyamba. Nsapato anabwereka za aphunzitsi omwewo, zazikulu ngati mabwato, anazikoleka m'khosi ulendo wonse kuti zisathe, n'kudzazivala ataona mbendera ya pa boma. M'thumba munali kalata ndi chinangwa chootcha. Pamodzi, msuweni. Thumba limodzi. Atafika, mesenjala wa kaki uja anawayang'ana kuyambira ku nsapato, n'kuwafunsa kuti wadzera kwa nyakwawa? Ayi. Kwa gulupu? Ayi. Kwa mfumu yaikulu? Ayi. Nanga wauluka? Pajatu njira inali imeneyo. Kuyambira 1933 mafumu aakulu anapatsidwa makhoti awo ndi mphamvu za boma, ndiye dandaulo linkayenera kukwera makwerero, likafika kwa DC likhale litadzera mwa onsewo. Mwina udikire DC akabwera pa ulendo m'mudzi, uyankhule pa bwalo kudzera mwa womasulira, mfumu ili pompo ikukuyang'ana.

Amalume anakhala pansi pa mtengo wa mango kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka. Chinangwa anadya. Kenako kalaliki wina anawamvera chisoni, analandira kalata, phaa chidindo, "pita, udzamva." Iwo ulendo wobwerera akudzimva ngati Chilembwe. Amanena okha zimenezo, si ine. Matuza m'mapazi, chifukwa pobwerera anaiwala kuvula nsapato zija.

Patapita masabata atatu, mesenjala pa njinga, ngiringiri pakhomo. Envulopu ya agogo. Agogo kutsegula... kalata yomwe ija! Pamwamba DC walembapo kuti mfumu pamodzi ndi membala wa khonsolo wa dera limenelo aione nkhaniyi, ndiponso afufuze amene akuutsa anthu mitima. Pakona pa pepala pali banga la makala a chinangwa. Agogo anangoyang'ana bangalo, n'kuyang'ana mwana wawo amene masabata atatu apitawo ankatsimphina osanena chifukwa. Amalume anakabisala m'nkhokwe mpaka mdima. Mayi anga ndiwo ankawapititsira madzi, amaseka mpaka misozi akamakamba. Usiku agogo anaima panja pa nkhokwe n'kunena kuti, "Tuluka. Tsiku lina ukamapita ku boma uzinena, ndikubwereke njinga." Basi. Mkwapulo sanawukhudze. Amalume amati bola akanawamenya.

Ukuseka eti? Seka, koma iwe ukanabisala m'nkhokwe mpaka kukolola.

Tsono mayina agogo sanapereke. Anayankha kuti zala za anthu zimafanana, ine sindingazindikire. Aphunzitsi aja anapulumuka nazo, akanachotsedwa ntchito. Pa msonkhano wotsatira agogo anaimirira n'kunena za mbewu zozulidwa, kalaliki analemba m'buku, DC anati tamva. Chimanga cha agogo aang'ono sichinabwerere, kapitawo uja anapitiriza kuyendera minda. Ndipo ndisakubisire, agogo omwewo ankathandiza kukumbutsa anthu za msonkho, jekete lija ankalikonda, ankalipachika pa msomali wakewake. Za Chitaganya pa msonkhano sanatsegule pakamwa. Anali ataona zimene zinawachitikira a Inkosi Gomani ku Ntcheu 1953, mfumu yaikulu ya Angoni, kuchotsedwa pampando chifukwa chouza anthu kuti asamvere malamulo a boma. Nanga iwo, munthu wa njinga imodzi?

Si iwo okha anaona kuzungulira kumeneku. A Levi Mumba ndi anzawo anayambitsa North Nyasa Native Association 1912, ankalemba madandaulo aulemu okhaokha, za sukulu, za msonkho, za mmene anthu ankazunzikira, kutumiza ku boma. Zaka ndi zaka akulemba, mpaka 1944 mabungwe aja anaphatikizana n'kukhala Nyasaland African Congress. Anthu anatopa n'kudikira yankho lochokera kwa munthu yemweyo amene ukumudandaula.

Ndiye chimene ukufuna kumva, ngakhale wachibisa m'chikwama cha mwana, n'chakuti agogo anatigulitsa kapena ayi. Sanatigulitse. Anakhala pa mpando wobwereka. Wowaika anali DC, wowachotsa anali DC, ndiye dandaulo lililonse lodzera mwa iwo linkathera pa tebulo la mwini mpando, n'kubwerera kwa iwo omwe. Mphamvu imene anali nayo inali yokana kutchula mayina, ndipo anakana.

Azakhali, ndikudziwa mukuti nanga msonkho uja. Ndaunena, bwezerani kumbuyo mumve. Ine sindikuti anali Chipembere. Ndikuti munthu amene sanasankhidwe ndi mudzi sakanatha kuuza DC kuti anthu anga andituma, chifukwa DC akanangowafunsa kuti wakuika apo ndani. Mpando sunali wawo.

Iii, yafika mphindi zingati iyi? Bandulo yanga. Msuweni, ukakumana naye mkulu wa kapirikoni uja usakangane naye, ungomuuza kuti jekete linali la agogo koma mpando unali wa DC, ndipo zala zonse za pa kalata ija palibe chimene chinalowa m'ndende, kuphatikizapo cha agogo ake iyeyo, chinali chachitatu kuchokera pamwamba. Amalume akadzuka muwafunse za nsapato, koma musanene kuti ndakuuzani ndine. Ndiwo zanga zikupserera.