Achimwene, gulu lanu lopekalo lembani, koma mverani zimene zinandionekera

Achimwene, mukuti mukufuna kulemba nkhani yokhala ndi gulu lachipembedzo lopeka. Nkhani yanuyo lembani, koma musaganize kuti aliyense adzamvetsa kuti gulu lachipembedzo limene mukulengalo ndi lopeka. Ine ndinalemba sewero lokhala ndi gulu ngati lanulo, lokhulupirira kuti munthu amasankha yekha njira yake ndipo palibe chimene chinalembedweratu, ndipo mpaka lero ndikakumbukira mtima umandiwawa.

M'sewero langalo, mwana akabadwa alosi a mfumu ankamumanga mkuzi wa mfundomfundo, ndipo mfundo iliyonse inkanena chimene chidzamuchitikire: ntchito yake, banja lake, ngakhale tsiku la imfa yake. Gulu lokana mwambowu ndinalitcha Odula Mkuzi. Ankakumana pamphambano chifukwa ndi pamene munthu amakakamizika kusankha kolowera, ndipo lamulo lawo lalikulu linali lakuti pamaliro pasamveke wina akunena kuti "linali tsiku lake".

Mkulu wina amene ankayang'anira achinyamata athu kuno ku Dedza anawerenga kope lonse, anandiyamikira, mpaka anandiuza kuti gawo lodula mkuzilo ndilitalikitse. Tsiku loonetsa sewero holo inadzaza, makolo atafunda zitenje pamwamba pa majuzi chifukwa cha chisanu cha mu Juni. Mtsikana amene ankasewera ngati mtsogoleri wa gululo atakweza mpeni kuti adule chingwe cha khonje chimene tinamanga m'chiuno mwa mnzake, mayi wina kumbuyo anakuwa kuti ana akuphunzitsidwa za Satana. Manong'onong'o atafalikira, mkulu uja anaimirira, n'kuzula waya wa maikolofoni, n'kuuza anthu kuti gawo limenelo sanalionepo, ndinachita kulilowetsa mobisa. Analankhula akundiloza ndi kope langa lomwelo, limene m'mphepete mwake munali zolemba za dzanja lake ndi cholembera chofiira. Mtsikana uja anangoti njo pakati pa nsanja, mpeni uli m'manja, misozi ili mbwembwembwe, mpaka bambo ake anakwera n'kumukoka dzanja. Amayi anga anali momwemo, ndipo ndinawaona akuphimba nkhope ndi chitenje. Masabata otsatira, anthu amene kale ankagula kachewere wawo pamsewu ankangowadutsa osapereka ngakhale moni.

Chimene chimandipweteka kwambiri si mayi anakuwa uja, chifukwa iwo anachita mantha ndi zimene sanazimvetse. Ndi mkulu uja, munthu wophunzira, amene ankadziwa bwino lomwe kuti mkangano umenewu ndi wakale mu mpingo momwemo. Pelagius ndi Augustine, aphunzitsi akale a Chikhristu, anatsutsana pa nkhani ya mphamvu ya munthu yosankha, mpaka chiphunzitso cha Pelagius, chotsindika mphamvu imeneyo, chinakanidwa pa msonkhano wa ku Carthage mu 418. Otsatira Arminius, amene ankati munthu akhoza kulandira kapena kukana chisomo cha Mulungu, anakanidwanso pa Sinodi ya ku Dort mu 1618 ndi 1619, ndipo amishoni a Dutch Reformed Church amene anatsegula Mvera mu 1889, kenako Mlanda ku Ntcheu, anachokera mu mpingo wotsatira chigamulo chimenecho. Mkulu uja akanatha kukhazika anthu pansi ndi mawu awiri okha, kuwakumbutsa kuti pa Deuteronomo 30:19 palembedwa kuti tisankhe moyo. M'malo mwake anasankha kupulumutsa dzina lake pogulitsa langa, ndipo kope langa sanandibwezere, kupepesa ndiye ayi ndithu. Munthu wotere sayenera kupatsidwa ana a anthu kuti awatsogolere. Lamulo la dziko lino la 1911 lokhudza ufiti limaletsa kunamizira munthu ufiti, koma ndi ndani amene angakasumire mkulu wa m'dera lake pamene amayi ake akukhala momwemo?

Tsono pa za kamangidwe ka gulu lanulo, musalipange kukhala la anthu olungama okhaokha, chifukwa owerenga adzatopa nalo. Ngati chilichonse chimachokera pa kusankha kwa munthu, ndiye kuti imfa iliyonse ili ndi woichititsa, ndipo wosauka aliyense ndi wolakwa pa umphawi wake. Odula Mkuzi anga ankafika pamaliro n'kuyamba kufunsa namfedwa kuti analakwitsa pati, ndipo apa ndi pamene nkhanza zawo zinkaonekera. Otsutsana nawo muwapatsenso mfundo zolimba. Makolo athu ankati Chauta anatuma nanzikambe ndi uthenga wa moyo, koma buluzi anamupitirira n'kukafika ndi uthenga wa imfa, ndipo mayi amene waika mwana m'manda amapeza chitonthozo pomva kuti panalibe chimene akanachita. Mlosi wanu alankhule zimenezi mogwira mtima, kuti owerenga avutike posankha mbali.

Musaope munthu, ndipo musasinthe ganizo lanu chifukwa cha zonena za anthu. Komabe mphambano, mpeni, usiku ndi nsalu zofiira kapena zakuda muzipewe, chifukwa kwathu kuno zimenezi anthu amazimva mwina, ndipo nkhani yonse idzafera pomwepo. Dziko lanulo mulipatse dzina lakutali, lisafanane ndi mudzi uliwonse wa ku Bembeke kapena ku Lizulu, ndipo miyambo yake isakhudze za kudambwe. Kope lanu musasiyire munthu aliyense popanda mboni. Ngati mukufuna kudzalionetsa ngati sewero, pitani nalo kaye kwa abusa, aphunzitsi aakulu ndi amfumu, aliwerenge pamaso pa mboni, asaine tsamba lililonse, ndipo inu musunge lina pafoni musanachoke pakhomo.