Kangaude Womwetulira ndi Maluwa a Odilon Redon

Masiku apitawa ndinalandira imelo kuchokera kwa mnyamata wina amene amawerenga tsamba lino. Iye amajambula ndi pensulo komanso makala, ndipo akufufuza pa intaneti anapeza zithunzi ziwiri zosiyana kotheratu koma zokhala ndi dzina limodzi, Odilon Redon. China n'cha kangaude wakuda bii, wamaso ngati a munthu, akumwetulira mano ali pamtunda. Chinacho n'cha maluwa owala bwino ali mu vazi. Akufunsa ngati zonsezi anajambuladi munthu mmodzi, ndipo ngati ndi choncho, kaya mwina poyamba anali wamisala kenako n'kuchira. Anzake amuuza kuti zithunzi zoterezi n'zaufiti, ndiye akufuna kudziwa ngati azitsanzire kapena azitalikire.

Achimwene, zikomo chifukwa cha funso lanuli. Ndi munthu mmodzi ndithu, ndipo sanali wamisala. Anali bambo wofatsa, wapabanja, wokonda mabuku ndi kuimba vayolini. Koma popeza inunso ndinu wojambula, ndikufuna muone kumene kangaude uja anachokera. Mukaona zimenezo, maluwawo sakudabwitsaninso.

Redon anabadwa pa 20 Epulo 1840 mumzinda wa Bordeaux, kummwera chakumadzulo kwa France. Dzina lake lenileni linali Bertrand, ngati bambo ake, ndipo la Odilon linachokera ku dzina la mayi ake, Odile. Bambo akewo anapeza chuma ku Louisiana, ku America. Mwanayu anali wodwaladwala, choncho anamutumiza kumudzi, ku esiteti ya banja lawo yotchedwa Peyrelebade m'dera la Médoc, dziko lamchenga, la minda ya mphesa ndi madambo. Kumeneko n'kumene anakulira, kutali ndi makolo ake. Atakula analemba kuti ali mwana ankakonda kubisala kuseri kwa makatani ndi m'ngodya zamdima za nyumba, komanso kuti bambo ake ankamulozera mitambo n'kumufunsa ngati akuonamo maonekedwe a zinthu zosinthasintha. Ine ndikaona zojambula zake zakuda, ndimaona mwana ameneyu.

Za sukulu sizinamuyendere. Anayamba kuphunzira kujambula ali ndi zaka 15 kwa Stanislas Gorin, koma bambo ake ankafuna kuti adzakhale katswiri wolemba mapulani a nyumba. Mayeso olowera ku École des Beaux-Arts, sukulu yaikulu ya zaluso ku Paris, analephera. Mu 1864 analowa m'kalasi ya Jean-Léon Gérôme, wojambula wotchuka amene ankafuna kuti chilichonse chijambulidwe mosalala ndi motsata malamulo, ndipo awiriwa sanamvane. Redon anabwerera ku Bordeaux ngati munthu wolephera.

Komatu ku Bordeaux komweko n'kumene kunali aphunzitsi ake enieni awiri. Woyamba ndi Rodolphe Bresdin, mmisiri wosauka wa zithunzi zodinda, amene anamuphunzitsa kugoba chithunzi pa chitsulo n'kuchidinda pa pepala. Wachiwiri, amene ine ndimamuona kuti ndiye mwini nkhani yonseyi, ndi Armand Clavaud, katswiri wa zomera. Clavaud ankafufuza tizamoyo ting'onoting'ono tomwe n'kovuta kunena ngati ndi zomera kapena nyama, ndipo ankamuonetsa mnzakeyo timeneti pa maikulosikopu. Ndiyenso anamupatsa mabuku a Flaubert, Baudelaire ndi Edgar Allan Poe, n'kumuuza za Darwin ndi za zolemba zakale za ku India.

Taganizani, achimwene, za nthawi imeneyo. Buku la Darwin lonena za mmene zamoyo zimasinthira linatuluka mu 1859. Louis Pasteur anali kuonetsa anthu kuti m'madzi ndi mumpweya muli tizilombo tosaoneka ndi maso tomwe timatha kupha munthu. Anthu ophunzira a ku France anali kudzifunsa kuti malire a munthu ndi nyama ali pati, nanga a nyama ndi chomera ali pati. Redon anatenga mafunso amenewa n'kuwajambula. N'chifukwa chake mupeza duwa la m'dambo lokhala ndi nkhope ya munthu wachisoni, mutu wa munthu womera minga utadzalidwa mumphika ngati chomera, ndi kangaude wanu uja wa mu 1881. Muwerenge miyendo yake, mupeza kuti ndi 10 pamene kangaude weniweni ali ndi 8. Ali ndi mnzake wa chaka chomwecho amene akulira misozi. Mu 1883 anatulutsa mpukutu wa zithunzi wotchedwa Les Origines, wonena za chiyambi cha zamoyo. Kuti zilombo zakezo zioneke ngati zingathe kupuma, ankapita ku myuziyamu ya zachilengedwe ya ku Paris kukayang'anitsitsa mafupa a nyama.

Apa ndi pamene pagona phunziro lanu. Redon analemba yekha mmene ankagwirira ntchito. Ankayamba wakhala pansi n'kukopera mosamala kanthu wamba, kaya mwala, kaya tsamba la udzu, kaya dzanja, osasiya ngakhale kamzere kamodzi. Akamaliza, mutu wake unkatakasuka, ndipo m'pamene ankausiya kuti ubale zake. Cholinga chake, mmene ankanenera mwini wake, chinali kutenga malamulo a zinthu zooneka kuti atumikire zinthu zosaoneka. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Munthu wosokonezeka mutu sangakhale zaka 20 akugwira ntchito mwadongosolo chotere. Yang'anani mmene kuwala kukugwera pa thupi laubweya la kangaudeyo, ndi mmene miyendo yake yapindikira m'mfundo. Amene anajambula zimenezi anali atayang'anapo akangaude enieni kwa nthawi yaitali.

Panalinso nkhondo. Mu 1870 France inamenyana ndi Prussia, ufumu wa Ajeremani, n'kugonja, ndipo Redon anali msilikali pa nkhondoyo. Itatha anakakhazikika ku Paris, ndipo m'pamene anayamba mwamphamvu zojambula za makala zimene iye ankazitcha noirs, kutanthauza zakuda. Mitu yodulidwa imene imayandama m'zithunzi zake zambiri ine ndimaiona ngati ya munthu amene anaona imfa ndi maso ake, m'dziko limene linali litachita manyazi.

Vuto la chojambula cha makala n'lakuti n'chimodzi chokha, ndipo amachiona ndi okhawo amene alowa m'chipinda chimene chapachikidwa. Mnzake Henri Fantin-Latour anamuonetsa njira yosamutsira chojambula kuchoka pa pepala kupita pa mwala, kuti chidindidwe kambirimbiri. Luso limeneli, lithography, limadalira mfundo imodzi yoti madzi ndi mafuta sizigwirizana. Chithunzi chimakhala pa mwala wosalala wa laimu, chojambulidwa ndi choko chamafuta. Mwalawo amaunyowetsa, kenako n'kugudubuzapo inki yamafuta. Inkiyo imamata pokhapo pamene pajambulidwa, pamene pali madzi imakana. Akaikapo pepala n'kupanikiza ndi makina, chithunzi chimatuluka. Mpukutu wake woyamba, Dans le rêve, wa zithunzi 10, unatuluka mu 1879 iye ali ndi zaka 39. Wotsatira, wa mu 1882, anaupereka kwa Edgar Allan Poe, ndipo m'menemo muli chithunzi chake chotchuka cha diso lalikulu louluka ngati chibaluni, litayang'ana kumwamba, litanyamula mutu wa munthu pa mbale.

Kumbukirani kuti Claude Monet anabadwanso mu 1840. Pamene Monet ndi anzake ankathamangira panja kukajambula kuwala kwa dzuwa pamadzi, Redon anali m'chipinda ndi makala ake. Ankawalemekeza, ndipo anaika nawo zithunzi pa chionetsero chawo chomaliza mu 1886, koma ankaona kuti luso longojambula zimene diso laona n'lopanikizika. Iye ankafuna chithunzi chimene sichikuuza munthu zoti aganize koma chimamudzutsira zam'kati, monga imachitira nyimbo yopanda mawu. Amenewa ndiwo maganizo a gulu lotchedwa Symbolism, la alakatuli ngati mnzake Stéphane Mallarmé ndi ojambula ngati Gustave Moreau. Anthu ambiri anayamba kumva dzina la Redon mu 1884, pamene Joris-Karl Huysmans anafotokoza zojambula zake m'buku lake la nthano, À rebours. Bukulo linamuthandiza, komanso linamupaka mbiri ya munthu wa maloto oipa ndi malungo, ndipo ndikuganiza kuti mbiri imeneyi ndi imene yafika mpaka kwa anzanuwo.

Tsono za ufiti. Sindikubisirani, mdyerekezi alimo m'zithunzi zake zina. Redon anatulutsa mipukutu itatu, mu 1888, 1889 ndi 1896, yochokera pa buku la Flaubert lonena za mayesero a Antonio Woyera, mkhristu wa ku Egypt amene anakakhala yekha m'chipululu. Nkhani ya mayesero singajambulidwe popanda woyesayo. Mu 1899 anajambula masomphenya a m'buku la Chivumbulutso. Anajambulanso nkhope ya Khristu kangapo, ndiponso Buddha ataima pafupi ndi mtengo. Anali munthu wofufuza za mzimu m'njira zambiri, ndipo mukhoza kusiyana naye pa zimenezo. Koma bwererani kwa zilombozo mukaziyang'ane m'maso. Zambiri sizikuopseza munthu. Zikuoneka zosungulumwa, zamanyazi, ngati zikudabwa kuti zinabadwiranji choncho. Mfiti cholinga chake n'kupweteka. Zithunzi izi zimakuchititsa chifundo ndi chinthu chimene ukanachiponda osaganiza kawiri. Ine kangaude wolira uja amandikhudza kuposa zithunzi zambiri za anthu okongola.

Nanga maluwa anabwera bwanji? Pang'onopang'ono. Mu 1880 Redon anakwatira Camille Falte, mayi wochokera ku chilumba cha Réunion, m'nyanja ya Indian kum'mawa kwa Madagascar. Mwana wawo woyamba, Jean, anabadwa mu 1886 n'kumwalira ali ndi miyezi 6 yokha. Wachiwiri, Arï, anabadwa mu 1889 ndipo anakula. Chaka chotsatira Redon anapenta Les Yeux clos, nkhope yotsinzina ikutuluka pamwamba pa madzi, ya mitundu yofatsa kwambiri. Chithunzichi boma la France linachigula mu 1904, ndipo lero chili ku myuziyamu ya Musée d'Orsay ku Paris. Mu 1897 esiteti ya Peyrelebade, kumene ankabwerera chaka ndi chaka kukajambula zakuda zake, inagulitsidwa. Zinamupweteka kwambiri, koma zinamumasulanso. Pofika cha m'ma 1900 makala anali atawasiya, n'kumagwiritsa ntchito penti yamafuta ndi choko chofewa chamitundumitundu chotchedwa pastel. Choko chimenechi chimagwiridwa ndi kupakidwa ngati makala omwe, ndiye dzanja lake silinayambirenso pachiyambi.

Tinene zoona, maluwa anali ndi msika kuposa akangaude, ndipo bambo wa banja amafuna ndalama. Ena mwa mavazi ake a m'zaka zomaliza amafanana kwambiri, ndipo ine mtima wanga uli ku zakuda zija. Komabe muyang'anitsitse chithunzi cha maluwa chimene mwapezacho. Nthawi zambiri vaziyo siili patebulo looneka, ikungoyandama mu utoto ngati mu nkhungu. Maluwa ena ndi enieni, a m'munda ndi a m'tchire, omwe wophunzira wa Clavaud ankawadziwa bwino. Ena sanamerepo padziko lino, ndipo ena sungadziwe ngati ndi duwa kapena gulugufe. Funso lija la malire a chomera ndi nyama lidakalipo, langovala mitundu. Ndiye pali The Cyclops, chimene chili ku Kröller-Müller Museum ku Netherlands: chimphona cha diso limodzi cha m'nthano za Agiriki chikusuzumira kuseri kwa phiri, kuyang'ana mkazi amene wagona pakati pa maluwa. Diso lake ndi lomwe lija la chibaluni, ndipo manyazi ake ndi a zilombo zamakala zija.

Ulemu unamupeza atakalamba. Ojambula achinyamata a gulu la Nabis, monga Pierre Bonnard, Édouard Vuillard ndi Maurice Denis, ankamutenga ngati kholo lawo. Mu 1903 analandira mendulo ya Légion d'honneur. Mu 1910 ndi 1911 anapenta zithunzi zikuluzikulu za Usana ndi Usiku m'laibulale ya Fontfroide, nyumba yakale ya amonke kummwera kwa France, imene mnzake Gustave Fayet anagula. Pa chionetsero chachikulu cha Armory Show ku New York mu 1913, zithunzi zake zinali zambiri ndipo zinagulidwa bwino. Anamwalira ku Paris pa 6 Julayi 1916 ali ndi zaka 76, nkhondo yoyamba ya dziko lonse ili mkati, mwana wake Arï ali kunkhondoko.

Pa funso lanu lomaliza, achimwene, musamutalikire, koma musakopere kangaude wake. Tengani njira yake. Jambulani chiwala, chisa cha mavu kapena muzu wa chinangwa mpaka muudziwe bwinobwino, kenako mawa lake muubise n'kujambula zimene zatsala m'mutu mwanu. Makala a pambaula nthawi zambiri ndi olimba ndipo amakanda pepala. Ofewa mungawapange nokha: tengani timitengo tating'ono touma, tisendeni makungwa, titsekereni m'chitini choboola kabowo kamodzi pa chivindikiro, muike pamoto mpaka utsi utasiya kutuluka, ndipo musatsegule chisanazizire. Redon sankangolemba mizere. Ankapaka makala, kufikisa ndi chala kapena kansalu, kufufuta kuti atulutse kuwala, kuthira mankhwala omatira, n'kupakanso pamwamba, n'chifukwa chake mdima wake uli ndi kuya. Kuti muone zimenezi bwino, pitani pa webusaiti ya Art Institute of Chicago, imene inagula zodinda zake zambiri kwa mkazi wake mu 1920. Zithunzizo mungazione mwaulere ndi kuzikulitsa pa foni mpaka muone njere za pepala. Mukajambula chanu choyamba, munditumizire pa imelo yomweyi ndidzachione.