Tafunsani Malume: kodi "za mkati" ndiye kuti chani?

Mwezi uno makalata atatu agwera pa mawu amodzimodzi, ndiye ndangowamanga mtolo umodzi.

FUNSO: Malume, ine ndimapemphera mpingo wina kuno ku Dedza, dzina ndisatchule. Chaka chatha tinapanga pepa sande kuti tigule malata a tchalitchi, enafe mpaka tinagulitsa kachewere wathu kuti tipeze choponya m'mbale, koma mpaka lero denga likadali lomwe lija lodontha. Nditafunsa pa msonkhano alembi anangondidula kuti mayi zimenezo ndi za mkati mwa mpingo sitingakambe pano, ndinakhala pansi manyazi atandigwira. Ndiye ndimati ndifunse, mawu amenewa amatanthauza chani kwenikweni? Ine zaka 22 ndikudya mgonero pomwepo, kodi ndili kunja? (Mayi wodandaula, Dedza)

YANKHO: Mayi, funso lomalizalo mwadziyankha nokha, komabe tiyambe ndi mawuwo. Tikamati "za mkati" pali liwu lomwe talimeza, ndiye kuti nkhani za mkati kapena zinthu za mkati, monga mmene timanenera za kumunda, za kusukulu, za m'banja. Mkati naye ndi m'bale wake wa pakati, tsinde lawo ndi limodzi, ndipo mkati sakhalapo popanda mpanda kapena khoma loti uloze kuti uku ndi mkati uku ndi kunja. Ndiye munthu akati izi ndi za mkati mwa mpingo, akungonena kuti eni ake a nkhaniyi ndi a mpingo, ndi amene angaikambe ndi kuigamula, a mpingo wina kaya amfumu kaya akhansala asalowererepo. Mawuwa amaloza eni nkhani basi, sanena kuti nkhaniyo ndi yobisa.

Apa mpamene ambirife timasakaniza, za mkati ndi zachinsinsi timaziyika mu dengu limodzi pomwe ndi zinthu ziwiri. Zachinsinsi zilipo mu mpingo ndipo ziyenera kukhalapo. Bambo anga malemu anali mkulu wa mpingo, ndipo ndimakumbuka tsiku la seshoni mapemphero akatha anthu onse amabalalika, akulu ampingo amalowa ku vesitili ndi abusa nkutseka chitseko, ife ana timadikira pansi pa mtengo wa mango njala itatipweteka chifukwa njinga inali imodzi. Nthawi zina umaona banja lina litakhala pa benchi panja kudikira kuitanidwa, bambo kumapeto uku mayi kumapeto uko osayang'anana. Bambo akatuluka amangoti tiyeni, njira yonse ziii, olo mayi anga awafunse bwanji pa nsima amangoyankha kuti zatha bwino. Sabata yotsatira alembi amalengeza kuti uje waimitsidwa mgonero, koma zoti ananena chani, analira ndani, anaulula ndani, zimenezo zimathera ku vesitili konkuja. Chimenecho nde chinsinsi chenicheni, chimateteza munthu wolakwa uja kuti mawa adzathe kubwerera osamalozedwa chala pa chitsime.

Koma bambo omwewo, ikafika nkhani ya ndalama, amaimirira kutsogolo ndi kope kuwerenga kuti chopereka chinalowa chakuti, masika tinapeza zakuti, tagula simenti matumba akuti, yatsala yakuti. Imeneyonso inali nkhani ya mkati mwa mpingo, munthu wongodutsa pa msewu sakanabwera kudzafunsa, koma mkhristu aliyense wa pamenepo amayenera kuimva chifukwa mkati mwakemo ndi iyeyo. Ndiye alembi anuwo atenga mawu oyenera kuuza mlendo nkukuuzani inu mwini khomo. Kaya ndi kusadziwa kaya pali chomwe akuphimba, izo akudziwa ndi iwo, ine sindinaone mabuku anu.

Mipingo yambiri ili ndi makwerero ake a za mkatizi. Ku CCAP nkhani imayambira ku seshoni, ikakanika imapita ku presibitale, kenaka ku sinodi, ndipo masinodi alipo asanu: Livingstonia, Blantyre, Nkhoma, Harare ndi Zambia. Ku Katolika amayambira ku mphakati kapena limana, kupita ku tchalitchi khonsolo, ku parishi mpakana ku dayosizi kwa ambuye episkopi. Olo mipingo ya pentekositi imene munthu mmodzi anayambitsa yekha imakhala ndi kabungwe ka akulu, ngakhale kuti kwina kabungweko ndi abusa, amayi busa ndi mlamu wawo, koma imeneyo ndi nkhani ya tsiku lina. Maziko ake amawatenga pa Mateyu 18, pomwe pamati m'bale wako akakulakwira yamba wamuonera pa awiri, akakana tenga mboni, akakananso uuze mpingo, komanso pa 1 Akorinto 6 pomwe Paulo akudzudzula akhristu otengerana ku mabwalo a akunja. Taonani bwino pa Mateyu paja, nkhani ikamakanika imanka ikulira anthu oimva, siimanka ichepera.

Ndiye chitani chonchi mayi: musakalimbane ndi alembi pa gulu kachiwiri, lembani kakalata kopempha kuti msungichuma adzawerenge lipoti la pepa sande ija, musainirane anthu angapo omwe munaperekanso, mupereke kwa abusa kapena wapampando. Mukaona kuti mwezi watha kuli chete kwerani khwerero lotsatira la mpingo wanu. Mukatero simunatulutse nkhani kunja ayi, mukadali mkati momwemo.

Ndiwonjezere chimodzi chomwe simunafunse koma chimandiwawa. Pali nkhani zina zomwe olo zichitikire mu vesitili momwe sizingakhale za mkati mwa mpingo. Mwana akagwiriridwa, kaya wochita zimenezo ndi mlaliki kaya mkulu wa kwaya, umenewo ndi mlandu wa boma, pitani ku polisi ku ofesi ya Victim Support, mpingo uzichita mwambo wake pambali koma usatsekereze. Ndalama zikabedwa zenizeni chimodzimodzi. Tamvapo kangati zoti munthu wangosamutsidwira ku mpingo wina mwakachetechete ati kuteteza dzina la mpingo, nkukapitiriza zomwezo kumeneko?

FUNSO: Achimwene, pa wailesi ndimamva andale akuti maiko akunja asalowerere za mkati mwa dziko lino, ena akuti chipani chikambirana nkhaniyi m'kachipinda komata chifukwa ndi ya mkati. Kodi ndi mawu omwewo kapena pali kusiyana? Ndili fomu 4 ndipo tinatsutsana ndi anzanga mpaka belu kulira. (Mnyamata wa ku Mponela)

YANKHO: Aise, mwachita bwino kutsutsana, kusiyana kulipo. Kachipinda komata ndi malo, ndiye kuti zokambirana zomwe atolankhani ndi anthu wamba saloledwa kulowamo, ngati mkumano wa kabineti kapena khothi likamamva mlandu wokhudza mwana. Za mkati ndi umwini wa nkhani. Nkhani itha kukhala ya mkati mwa dziko koma nkumakambidwa poyera pa Nyumba ya Malamulo wailesi ili pompo, monga bajeti. Inanso itha kukambidwa m'kachipinda komata pomwe ikukhudza mtundu wonse, ndipo zoterezi nzimene zimatipweteka.

Pa nkhani ya maiko, mfundo yoti dziko lina lisalowerere za mkati mwa linzake ndi yeniyeni, ili mu malamulo a United Nations, ndipo maiko a mu Africa atangolandira ufulu anaigwiritsitsa kwambiri, nzomveka kwa anthu omwe anali atangochoka m'manja mwa atsamunda. Vuto ndi loti mawuwa amakoma kwambiri mkamwa mwa amene ali pa mpando. Chitsanzo chomwe akuluakulu anu akuchikumbuka ndi cha mu Epulo 2011, pamene kalata yachinsinsi yomwe kazembe wa Britain, Fergus Cochrane-Dyet, analembera boma lakwawo inatuluka mu nyuzipepala, mmenemo amanena kuti pulezidenti Bingu wa Mutharika wayamba kulamula mwankhanza ndipo safuna kudzudzulidwa. Boma linamuthamangitsa kazembeyo, a Britain nawo anabweza kazembe wathu yemwe anali ku London nkuimitsa thandizo lawo la ku bajeti, ndipo chaka chimenecho ndi chija tinkagona pa mizere ya mafuta. Chosekesa chake, kalata ija inalinso ya mkati, ya mkati mwa boma la Britain, sanalembere ife.

Koma pomwe mawuwa anavulidwa zenizeni ndi chaka chotsatira. Pa 5 Epulo 2012 Bingu anagwa ku nyumba ya boma ku Lilongwe, anathamangira naye ku Kamuzu Central, kenaka thupi linaulutsidwa kupita ku South Africa, dziko lonse likungomva manong'onong'o pomwe mawailesi akunja anali atayamba kale kunena. Usiku wa pa 6 nduna zingapo zinaonekera pa kanema wa boma osanena zoona zake za pulezidenti, mpaka pa 7 mpamene analengeza za imfayo ndipo tsiku lomwelo mayi Joyce Banda analumbiritsidwa. Amene ankasunga nkhaniyo mwina ankaona ngati ndi ya mkati mwa boma kapena mwa chipani, koma imfa ya mtsogoleri wa dziko eni ake ndi anthu onse, malamulo a dziko ananeneratu kale wolowa m'malo. Paja akulu amati wobisa matenda maliro tidzamva, apa nde anayesa kubisa maliro enieniwo.

Tsono mpingo ndi boma nawonso amaponyerana mawu omwewa. Pa 8 Malichi 1992 maepiskopi a Katolika anatulutsa kalata ya nyengo ya Lenti yomwe inawerengedwa m'matchalitchi mwawo dziko lonse, yokamba za umphawi, malipiro ochepa, kumanga anthu popanda mlandu ndi kusowa kwa ufulu wolankhula. Boma la Kamuzu linati ansembe alowerera ndale zomwe si zawo, kalatayo inaletsedwa, maepiskopi anaitanidwa ku polisi ndipo Monsinyo John Roche wa ku Mzuzu anathamangitsidwa m'dziko muno. Pofika pa 14 Juni 1993 anthu anavotera zipani zambiri. Maepiskopi aja mfundo yawo inali yoti amene akuvutikawo ndi nkhosa zawo zomwe, Lamulungu ali mu tchalitchi Lolemba ali pa esiteti, ndiye mpanda woti uku nza boma uku nza mpingo mukaumanga pati? Mpaka lero mukamva mneneri wa boma akuti azipembedzo azingolalikira uthenga, dziwani kuti mkangano wake ndi womwe uja, ndipo amene amaombera m'manja makalata a abusa ali ku opozishoni ndi omwewo amakwiya nawo akalowa m'boma.

Za zipani nde musachite kufunsa. Akamakanganirana mpando amati ndi nkhani ya m'banja tikambirana, mawa lake muwapeza onse ku High Court ndi maloya, wina watenga chiletso. Pa mayeso anu a soshyo ingokumbukiraninso kuti kuyambira pa 30 Seputembala 2020 lamulo la Access to Information linayamba kugwira ntchito, ndiye ofesi ya boma singangokuyankhani kuti izi nza mkati nkutseka windo, iyenera kunena chifukwa chomwe lamulo likuilola kubisa, monga chitetezo cha dziko kapena chinsinsi cha munthu wina. Zoti ma ofesiwo amatsatiradi, yesani mudzandiuze.

FUNSO: Malume ine ndili ku Joni chaka chachisanu. Kuno chilichonse ndi Home Affairs, pemiti Home Affairs, setifiketi ya mwana Home Affairs. Kodi kwathu pa Chichewa timati chani, unduna wa za mkati? Kapena za pakhomo? (Wa ku Mangochi, Johannesburg)

YANKHO: Za pakhomo ayi achimwene, mungaseketse anthu, amva ngati unduna woona za mapoto ndi zitsotso. Pa wailesi amati unduna wa za m'dziko, kusiyanitsa ndi unduna wa za kunja womwe umaona za akazembe ndi ubale ndi maiko ena. Kale pa Chingerezi nafenso tinkati Home Affairs, koma masiku ano dzina lake ndi Homeland Security, nchifukwa chake mumamva owerenga nkhani akuti nduna ya za chitetezo cha m'dziko. Musasokoneze ndi unduna wa za chitetezo woona asilikali a MDF, umenewo ndi wina. Pansi pa wa za m'dzikowu pali apolisi, a ndende, a Immigration, a NRB opanga ziphaso za unzika ndi nkhani za othawa kwawo ngati a ku Dzaleka. Kusiyana kwake ndi kumeneko nkwakuti ku South Africa apolisi ali ndi unduna wawowawo, Home Affairs imangoona za mapepala. Ndiye pasipoti yanu ikatha musakaime pa mzere wa Home Affairs, iwo aja amangodinda pemiti mu buku lomwe muli nalo kale, buku latsopano mukayambire ku ofesi ya kazembe wathu ku Pretoria kapena ku konsuleti ya ku Johannesburg komweko, ndipo musadikire kuti ithe kaye.