Mabelo anga atagona pachipata masabata asanu ndi awiri

Achimwene, mwafunsa kuti malonda odutsa malire amayenda bwanji, ndiponso ngati n'zoona zimene munamva zoti amalonda a m'maiko a Chisilamu, zaka mazanamazana zapitazo, ankachoka ku Cairo mpaka ku India popanda thumba la ndalama m'chiuno. Ndikuyankhani monga mayi amene wakhala akukapikula nsalu ku Dar es Salaam, ku Lusaka ndi ku Johannesburg kwa zaka 19. Za pasipoti ndi mitengo ya mabasi musandifunse, pakuti zimenezo aliyense wa padepoti angakuuzeni.

Zimene munamvazo n'zoona. Anali ndi kalata yotchedwa suftaja, imene munthu ankalandira akapereka ndalama kwa wosunga ndalama mumzinda umodzi, n'kukaionetsa kwa mnzake wa wosungayo mumzinda wina kuti apatsidwe ndalama zake. Ibn Hawqal, amene anayenda m'zaka za m'ma 900, analemba kuti anaona chikalata cha ngongole ya madinari 42,000 ku Awdaghust, m'dera limene lero ndi Mauritania. Koma pepalalo lisakutengeni mtima. Linkagwira ntchito chifukwa kutsidyako kunali munthu amene dzina lake likanafera pamsika tsiku lomwelo akanakana kulipira, ndipo amalonda onse ankalemberana makalata ouzana za khalidwe la mnzawo aliyense.

Ibn Battuta, amene anachoka kwawo ku Tangier mu 1325, anafika ku Mogadishu mu 1331 ndipo anafotokoza mwambo umene ine ndinaumvetsa tsiku loyamba kuumva. Chombo chikangoima padoko, anyamata ankabwera pa timabwato, aliyense atanyamula mbale ya chakudya yovundikira, n'kuipereka kwa wamalonda mmodzi ndi kulengeza kuti ameneyu ndi mlendo wake. Wamalondayo ankakagona kwa mwinimbaleyo, amene ankamugulitsira katundu ndi kumugulira wina, ndipo munthu akagula kwa mlendoyo pamtengo wom'pondereza, kapena mwininyumba palibe, malondawo ankathetsedwa. Ine wanga wondipatsa mbale ndi mkulu wina wa sitolo ya nsalu ku Kariakoo, msika waukulu wa ku Dar es Salaam, amene makolo ake anachokera ku Hadramawt m'dziko la Yemen. Iwo ndi amene anayamba kundisimbira nkhani zakalezi tikamadikira kuti anyamata amange mabelo, ndipo ndi iwonso anandiphunzitsa kuzindikira chitenje chenicheni pochikhudza ndi zala zokha. Lero mukhoza kundimanga m'maso, ndikuuzani chitenje chimene chidzasuluke pochichapa koyamba, ndipo palibe kasitomala amene anandibwezerapo nsalu.

Mawu a mkulu ameneyu ndi amene ndinawanyozera kumayambiriro kwa November 2023. Ndinali ndi mpamba wanga wonse, kuphatikizapo ndalama za amayi atatu a m'banki m'khonde yathu amene anandipatsa kuti tidzagawane phindu, ndipo ndinagula mabelo 14 a zitenje ndi zovala za ana, maso anga ali pa Khirisimasi. Mkuluyo anandiuza kuti ndigawe katunduyo m'magalimoto awiri. Anandikumbutsanso kuti makalata a amalonda achiyuda amene anapezeka m'sunagoge wa Ben Ezra ku Fustat, Cairo yakale, amaonetsa kuti anthuwo ankagawa katundu wawo m'zombo zingapo kuti chimodzi chikamira asathere pomwepo. Ine ndinaona kuti galimoto imodzi ndi yotsika mtengo. Choipa kwambiri n'chakuti ndinasiya munthu amene ankandikonzera mapepala a msonkho zaka zonsezo, n'kutsata mnyamata wolankhula bwino amene ndinamudziwa m'basi, amene analonjeza kuti katundu adutsa ndi theka la ndalama. Iye analemba mtengo wa katundu wotsika kwambiri ine osadziwa, anatenga ndalama zanga, ndipo katundu atagwidwa pachipata china cha m'malire, chimene sindichitchula, foni yake sinapezekenso.

Msonkho sindiukana, ndipo cholakwa cha mapepalawo ndinachivomera chifukwa dzina lolembedwapo linali langa. Ngakhale malamulo akale a Chisilamu anali ndi mlingo wake: Msilamu ankapereka gawo limodzi mwa magawo 40, wachipembedzo china wokhala m'dzikomo limodzi mwa 20, ndipo wochokera kunja limodzi mwa 10, lotchedwa ushr, kumene kunachokera liwu la Chiswahili loti ushuru limene ndimalimva ulendo uliwonse. Chimene chimandipwetekabe mtima ndi mmene anandizunguzira. Wowerengera mtengo anali atachoka, wosaina anali kumsonkhano, wosunga kiyi wa nyumba ya katundu ankabwera ine nditangotuluka, ndipo aliyense wa iwo ankandiyang'ana m'manja asanandiyang'ane kumaso. Mmodzi anandiuza mosabisa kuti kangachepe kakhoza kufulumizitsa zinthu. Ndinakana, ndipo kukanako ndinakulipira ndi masiku. Ndili pomwepo, patangopita masiku ochepa, kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 44 peresenti, ndipo zonse zimene ndinayenera kulipira zinawerengedwanso pamtengo watsopano, pamodzi ndi chindapusa ndi ndalama ya tsiku lililonse limene katundu wagona m'nyumba yawo. Ndinkagona pakhonde la sitolo pamodzi ndi amayi ena, chikwama ndikutsamira, mvula yoyamba ikutiwaza.

Usiku wina pakhondepo ndinakumbukira Ibn Jubayr, mlembi wochokera ku Granada amene anatsika chombo ku Alexandria mu 1183 pa ulendo wa ku Makka, m'nthawi ya mfumu Salah al-Din. Iye anadandaula kuti akuluakulu a padoko analemba mayina a anthu onse, anawalipiritsa zakati, chopereka chimene Msilamu amapereka pa chuma chake, popanda kufunsa ngati chuma chawo chakwanitsa chaka monga lamulo limanenera, anapisa manja m'malamba a anthu, anawalumbiritsa kuti sanabise kanthu, ndipo m'chipwirikiti chimenecho katundu wambiri anasowa. Ankakhulupirira kuti mfumuyo sinkadziwa zimene antchito ake ankachita. Ine chikhulupiriro choterocho ndilibe, chifukwa wantchito amene amazunza anthu poyera chotero amakhala akudziwa kuti palibe amene adzamufunse. Ku Aden nakonso, m'zaka za m'ma 1200, ankafufuza munthu m'nduwira, m'tsitsi ndi m'khwapa, ndipo panali mayi wachikulire wofufuza akazi. Ndinalira usiku umenewo, poganiza kuti papita zaka zoposa 800 koma munthu woyenda ndi katundu wake akuchititsidwabe manyazi mofananamo.

Katundu anatuluka Khirisimasi itadutsa, ndipo m'malo mwa mabelo 14 ndinawerenga 12. Apa mvetsani bwino, achimwene, chifukwa awiri osowawo si amene anandigwetsa. Chinandigwetsa ndi nyengo. Mu January Mmalawi sagula chitenje. Ndalama yake yapita ku fizi, ku feteleza ndi ku chimanga, ndipo zovala za ana zimene zikanatha m'masiku anayi zinakhala m'nyumba mwanga mpaka anthu atakolola. Akale ankachidziwa chinthu chimenechi kuposa ife, popeza iwo ankayendera mphepo. Ya kaskazi, yochokera kumpoto chakum'mawa, inkabweretsa zombo kuchokera ku Arabia ndi ku India kuyambira cha mu November mpaka March, ndipo ya kusi inkazibweza kuyambira cha mu April. Wochedwa kumanga katundu wake ankakhala padoko miyezi yambiri akudya mpamba.

Mphepo imeneyi ndiyo inalemeretsa Kilwa, mzinda wakale wa pachilumba m'mbali mwa nyanja ku Tanzania. Ndinapitako mu 2019, ndinakwera boti pa Kilwa Masoko kuwolokera pachilumba cha Kilwa Kisiwani, chifukwa ndinkafuna kuona ndi maso anga zimene mkulu uja ankanena. Kilwa inali pafupifupi malo akum'mwera kwenikweni amene chombo chochokera kumpoto chikanafika ndi kubwerera m'nyengo imodzi, choncho golide wochokera kumapiri a Zimbabwe, wotsikira ku Sofala, ankayenera kudutsa m'manja mwa eni chilumbacho. Kandalama ka mkuwa kokhala ndi dzina la mfumu ya Kilwa al-Hasan ibn Sulaiman, imene Ibn Battuta anaipeza mu 1331, kanapezeka ku Great Zimbabwe. Alendo ena ankajambula dziwe la ngodya zisanu ndi zitatu la kunyumba yake yachifumu ya Husuni Kubwa, koma ine ndinakhalitsa m'bwalo lalikulu lozunguliridwa ndi zipinda zosungiramo katundu, ndikuyerekeza mabelo a nsalu za ku India amene ankagona mmenemo kudikira chilolezo cha mfumu. Katundu wa m'njira za kunyanjazi anafika ndi kwathu kuno, pakuti ku Mankhamba, pafupi ndi Mtakataka, ofukula zakale anapeza mikanda yagalasi ndi mapale a mbale za ku China.

Ndibwerere kwa amayi atatu aja, chifukwa nkhani yawo ndiyo inandisowetsa tulo. Mgwirizano wathu unali wofanana ndi umene akale ankautcha qirad: wina amaika mpamba, wina amayenda, phindu amagawana monga anapangana, ndipo katundu akawonongeka popanda kulakwa kwa woyendayo, mwinimpamba amataya ndalama, woyenda n'kutaya thukuta lake. Koma woyenda akachita mosasamala, mlandu umakhala wake. Ine ndinadziweruza ndekha ndi muyeso umenewo, ndipo ndinapeza kuti ndinanyozera malangizo ndiponso ndinapereka mapepala kwa munthu wosamudziwa. Mmodzi mwa amayiwo anali wokonzeka kundikhululukira gawo lake, koma ndinakana. Ndinagulitsa puloti imene ndinkafuna kumangapo nyumba ya ana anga. Anthu a katapila anabwera pakhomo kawiri, atamva kuti ndavutika, ndipo kawiri konseko ndinawabweza. Inunso akadzabwera musadzawapatse ndi mpando womwe, chifukwa ndaona anzanga olimba kuposa ine akutha ngati makatani.

Mu April 2024 ndinabwerera ku Kariakoo ndili ndi ndalama ya belo limodzi lokha, ndipo ndinadutsa sitolo ya mkulu uja kawiri ndisanalimbe mtima kulowa. Anandimvetsera mpaka kumapeto osandikumbutsa zimene anandichenjeza. Kenaka anaitana anyamata ake kuti amange mabelo asanu, ena akwere galimoto ya tsikulo, ena ya mawa lake, ndipo nditapempha kuti tilemberane anandiuza kuti zaka zonse zimene ndakhala ndikulipira pa tsiku lake ndiye kalata imene iwo akuisunga. Ndinawabwezera ndalama yomaliza mu August chaka chomwecho, ndisanagule ndi nsapato yomwe ya mwana wanga. Pepala la pachipata lija ndikulisungabe m'chikwama cha pasipoti, ndipo likuonetsa kuti analandira mabelo 14, pamene amene ndinakweza m'galimoto tsiku lija anali 12.