Yambirani pa njala ya 1949

Achimwene, mwafunsa kuti buku lanu la chikondi, lotsata banja limodzi mibadwo itatu muno mu Blantyre, liyambire nthawi iti. Ine ndingati pa njala ya 1949. Mvula inadula, chimanga chinauma m'minda, ndipo anthu a ku Lunzu ndi Lirangwe anaona zakuda. Amuna ambiri anachoka kuchikamwini ati kukasaka chakudya, ena osabwereranso. Pamenepo ndiye pali nkhani: mkazi watsala ndi ana, amalume akuti akwatiwenso, iye akudikirabe.

Mbadwo wachiwiri mupititseni ku Joni kudzera ku Wenela, paja dzina la depoti ija linachokera kwa olemba anthu ntchito za kumigodi. Boma linaimitsa maulendowo mu 1974, ndege itagwa ku Francistown n'kupha Amalawi obwerera kwawo. Makalata ochedwa, mphekesera zoti bambo anapezako mkazi wina, zimenezo musazisiye.

Koma chonde chikondicho chisakhale cha maluwa ndi makeke ayi. Nthawi imeneyo mnyamata ankadzera kwa ankhoswe, n'kukalima m'munda wa apongozi. Adzukulu afikitseni ku Ndirande pa sitiraka ya 1992.