Achemwali, foniyo musagulitse, koma isamagonenso kuchipinda

Achemwali, ndawerenga zomwe mwalemba. Mwati mumagwira ntchito mu ofesi ku City Centre, pambali mumagulitsa nsapato ndi zikwama pa WhatsApp, ndipo foni yakulandani tulo. Mumagona cha m'ma 1 koloko usiku, m'mawa mutu umalemera, khosi limapweteka, ndipo abwana akudzudzulani kawiri kuti maso amangokhala pafoni. Mwatinso mnzanu wina akathyali amulanda WhatsApp sabata yatha, n'kuyamba kupempha ndalama m'dzina lake. Ndiye mukufunsa ngati n'kwabwino kuigulitsa n'kubwerera ku kafoni kamabatani.

Ine ndimakonza mafoni ku Old Town, ndipo pantchitoyi ndakhalapo zaka 8. Yankho langa ndi lakuti musagulitse. Makasitomala anu ali m'fonimo, mukaigulitsa ndiye kuti mwatseka shopu ndi manja anu. Koma kamabataniko kagulenibe, mukhale ndi mafoni awiri, iliyonse ndi ntchito yake komanso nthawi yake.

Pa zonse mwatchulazi, chachikulu ndi tulo. Munthu wamkulu amafunika kugona maola osachepera 7. Ngati mukugona 1 koloko n'kudzuka 5 koloko kuti mukapeze minibasi anthu asanachuluke pasiteji, ndiye kuti mukugona maola 4 okha. Thupi lingapirire zimenezo sabata imodzi, osati mwezi ndi mwezi. Kunja kukada, thupi limatulutsa homoni yotchedwa melatonin yomwe imaitana tulo, ndipo kuwala kolowa m'maso usiku kumaichedwetsa. Komabe kuwalako n'kochepa poyerekeza ndi zomwe mukuonazo. Mkangano wa pagulu la achibale, uthenga wa maliro, kasitomala amene watenga nsapato koma sakuyankha za ndalama, kavidiyo ka pa TikTok komwe kakatha kena kali kale pakhomo. Nyuzipepala ili ndi tsamba lomaliza, pulogalamu ya pawailesi imatha woulutsa n'kutsanzika, koma izi anazipanga dala kuti zisakhale ndi pothera. Ndiye musadzione ngati munthu wofooka. Mukulimbana ndi chinthu chomwe anthu ophunzira amalipidwa kuti chisakutayeni.

Ambiri amati, "kuyambira lero ndizidziletsa." Muli m'bulangete, neti mwatsitsa, foni ili pansi pa pilo, kudziletsako sikupita patali. Pakadafunda padajiwitsa galu. Chomwe ndaona kuti chimathandiza ndi kuitalikira basi. Ikakwana 9 koloko usiku, foni yaikulu itsale pabalaza, inu mulowe kuchipinda ndi kamabatani. Alamu ilimo, tochi ilimo, batire limakhala masiku angapo magetsi azime asazime. Ndikudziwa funso lomwe lili mumtima mwanu: nanga kumudzi kukagwa zadzidzidzi? Pa matenda kapena maliro a wachibale weniweni anthu amaimba, ndipo kamabatani kadzalira. Ingowapatsani nambalayo amayi, abambo a kunyumba ndi abale anu apafupi.

Ine ndinayamba kuchita izi zaka 2 zapitazo, nditaona kuti ndikulakwitsa ntchito zomwe ndimazidziwa bwino chifukwa cha kusinza. Masiku atatu oyamba anali ovuta, dzanja limangofufuza pambali pa bedi. Sabata itatha ndinayamba kugona 10 koloko isanakwane. Pabalazapo musaiike pafupi ndi zenera, mbava zimawedza ndi ndodo. Ndipo chizolowezi chotchaja foni pansi pa pilo chileke ndithu. Foni ikamatchaja imatentha, kutenthako kukasowa kotulukira batire limaonongeka, ndipo mabatire otupa ndimawachotsa m'mafoni a anthu pafupifupi sabata iliyonse.

Za khosi sizovuta kumvetsa. Mutu wa munthu wamkulu umalemera pafupifupi makilogalamu 5, ngati mapaketi asanu a shuga. Ukakhala chilili khosi limaunyamula bwinobwino, koma ukawerama katunduyo amachuluka kangapo, ndipo ife timawerama choncho kuchoka ku Area 25 mpaka m'tauni. Kwezani foni ifike kufupi ndi nkhope m'malo motsitsa mutu. Maso nawo amauma chifukwa munthu akamayang'ana sikirini saphethira pafupipafupi. Pakatha mphindi 20 zilizonse, yang'anani chinthu chakutali, mamita 6 kapena kuposa, kwa masekondi 20. Mukasintha zonsezi kwa masabata awiri kapena atatu koma mutu osasiya, kapena manja akuchita dzanzi, kapena mukuona mbuu, pitani kuchipatala akakuyezeni BP, shuga ndi maso. Si mutu uliwonse wobwera ndi foni.

Tsopano za kuntchito, ndipo mundikhululuke, abwana anu sakulakwa. Munthu akamalemba lipoti foni n'kulira, sikuti amangotaya kamphindi kowerengera meseji. Akabwerera amayamba wafufuza pomwe analekezera, ndipo m'pomwe manambala amasemphana. Lowani mu Settings mupeze Digital Wellbeing, imapezeka m'mafoni ambiri a Android monga Tecno, itel ndi Samsung, pomwe pa iPhone ndi Screen Time. Idzakuonetsani maola omwe mwakhala pa pulogalamu iliyonse ndi kangati mwatsekula foni patsiku. Makasitomala anga ena ndikawaonetsa nambalayo amatsutsa kuti foni yalakwitsa. Mukaiona yanu, magulu onse omwe si a ntchito kapena a banja lenileni muwatseke pakamwa ndi Mute, musankhe Always. Simunatulukemo, palibe amene akhumudwe, mungowawerenga inu mukafuna.

Geni yanu muipatse maola ngati shopu ya pamsika. WhatsApp Business ndi yaulere, ndipo ili ndi Away message yoyankha yokha inu mukatanganidwa. Lembani kuti maoda mumayankha nthawi ya nkhomaliro komanso kuyambira 5:30 mpaka 8 koloko madzulo. Wofunadi nsapato adzadikira. Amene amafunsa mtengo pakati pa usiku, nthawi zambiri m'mawa sagula.

Nkhani ya chinsinsi ndiyo ndikhalitsepo, chifukwa ndi yomwe ndimaona misozi yake pa tebulo langa.

Mnzanu uja sanamubere ndi matsenga kapena ukatswiri wina wapadera. WhatsApp ikamalowetsedwa m'foni yatsopano, imatumiza nambala yachinsinsi ya manambala 6 pa SMS kwa mwini nambala. Wakuba amaika nambala yanu m'foni yake, kenako amakuimbirani kapena kukulemberani mwaulemu kuti ndi wa gulu la kumpingo kapena la sukulu, kuli msonkhano wa pa intaneti, mumutumizire manambala omwe mwalandira kuti akulembetseni. Mukangotumiza, WhatsApp yapita. Nambala imeneyo musapatse munthu aliyense, ngakhale meseji itachokera pa nambala ya mbale wanu, chifukwa mwina iyenso amulanda kale. Lero lomwe lino, lowani mu Settings ya WhatsApp, Account, Two-step verification, muike PIN yanuyanu ya manambala 6 ndi imelo. Sizitenga mphindi zitatu, koma wakuba ngakhale atapeza SMS ija amakakanirira pamenepo. Muonenso pa Linked devices. Ngati munatsekulapo WhatsApp pa kompyuta ya ku ofesi osatseka, aliyense wokhala pampandopo akhoza kuwerenga zonse. Chilichonse chomwe simukuchidziwa pamndandandawo, chichotseni. Ndipo ngati muli ndi GB WhatsApp kapena zina zotere zomwe anthu amagawirana pa Xender, zichotseni muike yeniyeni ya pa Play Store. Zimenezo sizochokera kwa eni WhatsApp, simudziwa yemwe anazipanga, ndipo nambala yanu ikhoza kutsekedwa.

Apa m'pomwe kamabatani kamagwiranso ntchito yachiwiri. SIM yomwe ili ndi Airtel Money kapena Mpamba muiike m'menemo, foni yaikulu ikhale ndi SIM ya bandulo. Yaikulu ndi yomwe imakhala m'manja pa Depoti, pa Bwalo la Njobvu, pazenera la minibasi, ndipo ndi yomwe amatsomphola. Ikapita, ndalama zatsala m'chikwama. Muikenso PIN pa SIM yeniyeniyo, kuti akaichotsa n'kuiika m'foni ina isatseguke. Koma samalani, mukalakwitsa katatu imatsekeka n'kufuna nambala ina yoitsekulira yotchedwa PUK, ndiye PIN imeneyo muilembe penapake kunyumba. PIN ya ndalama isakhale chaka chanu chobadwa, chifukwa chaka chimenecho chili pa chiphaso chanu chomwe chimakhala m'chikwama chomwecho. Kwa ejenti, PIN muzilemba nokha.

Poti ndinu wa geni, chenjeraninso ndi anthu otumiza chithunzi cha meseji kuti "ndalipira." Chithunzi amachipanga. Meseji yoti mwalandira ndalama amathanso kuilemba pamanja n'kuitumiza kuchokera pa nambala wamba, kenako n'kuimba mwachisoni kuti atumiza molakwitsa, muwabwezere. Musanapereke katundu kapena kubweza kanthu, imbani *211# ngati ndi Airtel Money kapena *444# ngati ndi Mpamba, muone nokha ndalama zomwe zilimo.

Imbaninso *#06# pa foni yanu. Patuluka nambala yozindikiritsa foni yanuyo, yotchedwa IMEI, ya manambala 15. Ilembeni m'kope, apolisi adzaifuna foni ikabedwa. Kuyambira 2018 SIM iliyonse imalembetsedwa ndi chiphaso, ndiye onetsetsani kuti zanu zonse zili m'dzina lanu, osati la mlamu kapena la mnyamata amene anakugulitsani pamsewu. Ikatayika, kuti mupatsidwe nambala yomweyo pamafunika mwini dzina. Chiphasocho musamachijambule n'kutumizira aliyense amene walengeza ntchito kapena ngongole pa Facebook. Mu 2024 dziko lino linakhazikitsa lamulo loteteza uthenga wokhudza munthu, la Data Protection Act, ndipo loyang'anira ndi bungwe la MACRA, koma lamulo limathandiza pokadandaula, silingabweze chithunzi chomwe chafika kale kwa munthu wosadziwika.

Chomwechonso ndi zithunzi za m'nyumba. Ndilankhula ngati mlongo wanu. N'zoona kuti kuyambira 2016 mauthenga a pa WhatsApp amayenda otsekedwa moti wapakati sangawerenge, koma chitetezocho chimathera pa foni ya wolandira. Iyeyo akhoza kusunga, kutumiza kwina, kapena kubedwa foni. Ngakhale chithunzi cha View once, munthu amangotenga foni ina n'kuchijambula. Madzi akatayika saoleka. Ndalandirapo amayi akulira kuti ndiwathandize kufufuta chithunzi chomwe chafalikira m'magulu, ndipo palibe wokonza mafoni angathe zimenezo. Ngati wina akuopsezani kuti afalitsa zithunzi zanu mukapanda kumupatsa ndalama, musalipire, sungani mauthengawo mupite kupolisi. Lamulo la Electronic Transactions and Cyber Security Act la 2016 limaletsa kuzunza ndi kuopseza munthu kudzera pa intaneti. Lamulo lomwelo lamangitsapo anthu chifukwa cha zomwe analemba kapena kutumiza m'magulu, ndiye nkhani yonyoza munthu yomwe simukuidziwa mutu wake, isadutsire pa foni yanu.

Ngati kunyumba kuli ana, foni yokhala ndi ndalama ndi makasitomala isakhale chidole chotonthozera mwana. Bungwe la WHO linalangiza mu 2019 kuti mwana wosakwana zaka 2 asamaonere sikirini, ndipo wa zaka 2 mpaka 4 asapitirire ola limodzi patsiku. Kupatula apo, mafoni ambiri osweka kapena ofufutika zinthu omwe amabwera kwa ine, mwini wake amayamba ndi mawu oti "anali nayo mwana."

Ndinenenso za ife okonza mafoni, poti n'kwathu. Ambiri ndi anthu okhulupirika, koma alipo ena amene foni ikatsala m'manja mwawo amatsekula zithunzi. Mukamapita kokonzetsa, chotsani SIM ndi memory card musanapereke. Kusintha batire kapena pobayira tchaja sikufuna pasiwedi yanu. Ngati akuti akufuna kuyesa sikirini kapena sipika, tsekulani nokha, ayese inu muli pomwepo. Wokonza wabwino sakhumudwa nazo.

Ndipo ngati pakatha mwezi mutaonabe kuti bola kuigulitsa, musangofufuta zithunzi n'kukapereka. Yambani mwasunga manambala a makasitomala ndi zithunzi zofunika kwina, tulukani mu WhatsApp, Facebook ndi mapulogalamu a banki, chotsani akaunti yanu ya Google, kenako muchite Factory reset, yomwe imafufuta zonse za m'fonimo. Ndagulapo mafoni kwa anthu, n'kupeza imelo ili chitsekulire, zithunzi za ana ndi za chiphaso zili momwemo, mwini wake atakwera kale minibasi ya ku Chinsapo.