Kodi zisudzo zingandidyetse?

Sabata yatha ndinalandira imelo yochokera kwa mtsikana wina wa ku Ndirande amene wangolemba kumene mayeso a Fomu 4. Akuti kusukulu ankachita nawo mpikisano wa zisudzo wa ATEM, ndipo tsopano akufuna kumaoneka pa TV m'mapulogalamu a zachikhalidwe. Akufunsa poyambira, komanso ngati ntchitoyi ingamudyetse, poti makolo ake akumuuza kuti achite kosi ya ntchito ina.

Mlongo wanga, yambirani pa siteji. Kamera idzakupezani komweko.

Izeki ndi Jakobo, malemu John Nyanga ndi Eric Mabedi, anakhwimira mu Kwathu Drama Group, akuzungulira m'maholo TV isanabwere n'komwe. Pajatu TVM, wailesi ya kanema yoyamba m'dziko muno, inayamba mu 1999, chaka chomwe tinataya Du Chisiza Jr. wa Wakhumbata Ensemble Theatre. Malemu Gertrude Kamkwatira anasulidwa mu Wakhumbata momwemo asanayambitse Wanna-Do. Onsewa mphunzitsi wawo anali munthu amene walipira pakhomo, wakhala kumbuyo kwenikweni kwa holo, n'kukuwa kuti "Sitikumvatu kuno!" Ameneyo sanyengerera. Nthabwala ikakhala yozizira mumadziwa pompo, chifukwa mumangomva anthu akuswa mtedza.

Koma kamera ili ndi mwambo wake. Tsiku langa loyamba kujambulidwa ndinakuwa ngati ndili pabwalo la mpira, manja ali m'mwamba, wojambula n'kundiuza kuti, "Achimwene, maikolofoni ili pachifuwa panupo, mukukalipira ndani?" Pa TV nsidze yokha imalankhula.

Tsono poti mwatchula zachikhalidwe, apa ndiye ndikulimbikireni. Kuvala chilundu ndi duku sikudziwa chikhalidwe. Muzisiyanitsa beni ndi malipenga, tchopa ndi manganje. Mukapita ku Kulamba ku Mkaika, m'boma la Katete ku Zambia, muzidziwa kuti a Kalonga Gawa Undi sathamangiridwa ndi maikolofoni ngati woyimba. Gule wamkulu akatuluka, musayerekeze kufunsa kuti wavala chigobayo ndani. Chimenecho ndi chilombo, basi. Gule wamkulu ndi vimbuza zinalemekezedwa ndi UNESCO mu 2005, koma oulutsa ena amangoti "magule a makolo athu" n'kudutsa, ngati zonse ndi phala limodzi. Zimandiwawa.

Za ndalama ndisakunamizeni. Khobidi la ochita zisudzo kwathu kuno limachokera kwambiri kumabungwe ofuna kufalitsa uthenga. Tikuferanji ija inkathandizidwa ndi ADRA, ndipo a Michael Usi, Manganya amene mu 2024 anadzakhala wachiwiri kwa pulezidenti, ankagwira ntchito kubungwe lomwelo. Ine pulogalamu ina ndinajambula miyezi itatu, malipiro ake n'kukhala ya minibasi ndi botolo la zoziziritsa kukhosi, ati "mukutchukatu".

Choncho kosi imene makolo akukuuzaniyo musaikane. Loweruka ndi Lamlungu pezani gulu, ngakhale la kutchalitchi, ndipo akakupatsani gawo la mayi wogulitsa tomato wa mizere iwiri, litengeni. Agogo akamayimba pamtondo muziwajambula pafoni. Ndipo aliyense wokuitanani kokajambula, mgwirizano ulembedwe papepala kamera isanayatsidwe.